Mamita Awiri Amene Anasowa pa Nsalu ya Asisi

Kushopu ya telala sindinapiteko chifukwa chodziwa kusoka ayi. Chinanditumiza kumeneko ndi chitedze. Temu yachiwiri ya giredi 11 ili pafupi kutha, ndinawaza chitedze pampando wa mtsikana wina, pulifekiti, amene ankatilemba maina ngakhale tikangotsokomola. Anavina m'kalasi muja mpaka nsapato imodzi inavuka. Mpaka lero ndikakumbuka ndimaseka ndekha. Koma amayi anga ataitanidwa kwa ahedi sanaseke. Pobwerera, tikuyenda m'mbali mwa msewu waukulu, ananena mawu ochepa: "Holide ino sukhala pakhomo. Manja akowa afuna ntchito."

Shopuyo inali kuseri kwa msika wa Katete, kachipinda kamodzi, makina awiri opalasa ndi mapazi, benchi ya makasitomala, galasi long'aluka pakona, ndi nsalu yotchinga poyesera zovala. Eni ake anali mayi wina wamkulu wa kumpingo kwathu, ndipo tonse tinkangoti amayi a shopu. Koma wosoka weniweni, amene anthu ankamulondola kuchokera kutali, anali mtsikana wa ku Vubwi, wamkulu kwa ine ndi zaka zisanu ndi ziwiri. Ndinkawaitana kuti asisi. Ine zanga zinali mabatani, kupendera, kusita ndi simbi ya makala, kupinda zovala zotha n'kuziika m'mapulasitiki, ndi kumanga tizidutswa totsala ta kasitomala aliyense pakamtolo kakekake.

Tsiku loyamba amayi a shopu anandikoleka tepi yoyezera m'khosi.

"Iyi imadziwa zambiri kuposa abusa," anatero. "Imadziwa amene akuwonda ndi matenda. Imadziwa amene ali ndi pakati asanauze n'komwe amayi ake. Koma unayamba waimva ikulankhula?"

"Ayi, amayi."

"Nawenso chimodzimodzi. Zimene waona muno zigone muno. Lonjeza."

Ndinalonjeza. Kulonjeza sikunandivutepo ine.

Unali mwezi wa Ogasiti, wa fumbi ndi mphepo, ndipo aliyense ankafuna chovala chatsopano chokavala ku mwambo wa Kulamba, kwa mfumu yaikulu ku Mkaika. Nsalu zinaunjikana mpaka pawindo. Asisi ankapalasa makina kuyambira m'mawa osadzutsa mutu, komabe ndiwo okha amene ankaseka zochita zanga. Tsiku lina ndinawasokera thumba la epuloni muli foni, foni ikulira iwo akufunafuna polowera dzanja. Anaseka mpaka misozi, kenako anandikoka khutu n'kunena kuti, "Msoko wako wakhota. Ngati ufuna kuchita zachipongwe, uzizichita mowongoka." Ankandigawira mbatata yawo yootcha. Choko sankachifuna, polemba pansalu ankagwiritsa ntchito kachidutswa ka sopo wotsalira, amati mzere wake ndi woonda ndipo sunama. Ndiwo anandiphunzitsa kuti nsalu ikabwera uziyamba wayang'ana modula mwake. Wogulitsa m'sitolo amadula mowongoka. Pakakhala mano ngati a ng'ona, ndiye kuti wina wadula kunyumba, ndi mpeni, mothamanga.

Asisi anali ndi chibwenzi. Anali bambo wogula soya ndi mtedza m'midzi ya ku Sinda, wa njinga yamoto yofiira, woseka ndi aliyense. Akafika ankayamba kupereka moni kwa amayi a shopu atavula chipewa, kenako n'kundiponyera switi.

"Mlamu wanga wamng'ono, lero waotcha malaya a ndani?"

"Ndikudikira anu, alamu."

Ndinkawakonda, ndisaname. Ndinkati chibwenzi chenicheni ndiye chimenechi, osati anyamata a kusukulu amene amakutumizira uthenga wachikondi womwewo umene atumizira anzako atatu.

Tsiku lina alamu anabwera ndi nsalu yobiriwira ya nkhanga zachikasu, mizeremizere. Anati asisi asoke shati yawo ndi diresi ya asisiwo, akavale zofanana ku Mkaika. Kwathu kuno mwamuna ndi mkazi akatulukira pagulu atavala nsalu imodzi, nkhani yatha, aliyense wadziwa. Ndipo amalume awo a asisi anali kubwera kuchokera ku Vubwi kudzaona mwambo, n'kudzaonanso bamboyu kwa nthawi yoyamba. Zikayenda bwino, zotsatira zake zinali za ankhoswe.

Asisi anaitambasula nsalu ija patebulo n'kuiyeza.

"Mamita anayi," anatero. "Yathunthu si imakhala sikisi?"

"Inatsala yomweyi ku Chipata. Anthu aikonda kwambiri."

Asisi anayendetsa chala modula muja. Mzere womaliza wa nkhanga unali wopanda mitu, matupi okhaokha, ndipo podulapo panali mano. Kenako anamwetulira. "Ikwana," anatero. Ine ndinali pa switi wanga, sindinaganize kanthu.

Patapita sabata, asisi anakwera minibasi kupita ku Chipata kukagula mazipi ndi ulusi. Tsiku lomwelo chakumasana kunalowa mayi wina wachitsikana, wa mawu otsika, fumbi lili m'mapazi. Anati ndi wa ku Sinda, wabwera kusikelo kuchipatala, ndiye wati adzere konkuno popeza anamva kuti timasoka bwino. Anatulutsa nsalu m'chikwama. Yobiriwira, ya nkhanga zachikasu. Mamita awiri.

Zimenezo zokha sizinali kanthu, nsalu zimafanana. Amayi a shopu anamuzunguliza tepi m'chiuno, ndipo mayiyo ananong'ona kuti, "Musiyeko malo pamimbapa."

"Ndaona, mwanawe."

"Bambo ake a mwanayu anandipatsa kuti ndizingomanga m'chiuno. Koma ndamva kuti iwo akusoketsa shati ya nsalu yomweyi, ndiye ndati ine ndisoketse diresi, ndikawadzidzimutse ku Mkaika." Anaseka mwamanyazi, dzanja lili pakamwa.

Atangotuluka, ndinamasula kamtolo ka tizidutswa ta asisi. Kachingwe ka modula muja kanalimo, ka nkhanga zopanda mitu. Ndinakagoneka m'mphepete mwa nsalu ya mayi wa ku Sinda. Dzino lililonse linalowa m'malo mwake. Nkhanga iliyonse inapeza mutu wake.

Amayi a shopu anandimenya padzanja.

"Waona chiyani?"

"Nkhanga zalumikizana, amayi."

"Sunaone kanthu."

"Tiwauze asisi."

"Tiwauze? Iwe ndi ndani? Uli ndi zaka zingati kuti ulowe nkhani ya anthu awiri akuluakulu? Mayi watulukayu ndi kasitomala, ndipo za mimba yake wauza tepi, sanauze iwe. Ine ndidzamukhazika pansi mnzakoyo mwambo ukatha, mwaulemu, monga mayi wake."

"Mwambo ukatha akhala atavala kale zofanana pamaso pa amalume awo."

Amayi a shopu anayang'ana mulu wa nsalu zosasoka uja, kenako anayang'ana ine. Sananene kuti asisi akayamba kulira lero mulu umenewu asoka ndani, koma ine ndinamva choncho. Mwina ndinawalakwira powaganizira zimenezo. Mwinanso ayi.

"Unalonjeza," anatero.

Nsalu ija anaipinda n'kuiika m'chikwama chawo kuti akasokere pamakina a kunyumba. Mawa lake, asisi atapita kukatunga madzi, ndinaona amayi a shopu akusolola tizidutswa tiwiri m'kamtolo ka asisi. Mamita awiri sanakwane diresi ya munthu woyembekezera, manja anaperewera. Choncho zotsala za asisi zinakakhala manja a diresi ya mnzawo amene sankamudziwa.

Masiku otsatirawo anali oipa. Ine amene sinditha kusunga ngakhale nkhani ya nkhuku, ndinali nditanyamula chinsinsi chonsechi. Asisi ankasoka kolala ya shati ija akuimba nyimbo za kwaya. Anaisoka kawiri kolalayo, amati poyamba sinagone bwino. Ndinayesa kuzungulira.

"Asisi, nkhanga yopanda mutu imapita kuti?"

"Mumphika. Bweretsa simbi, yazizira."

Alamu akabwera ndi switi ndinkalandira ndithu, switi alibe mlandu, koma kuseka nawo kunkandivuta. Ndinazindikira kuti munthu atha kuvulira chipewa akuluakulu, n'kukumbukira dzina la aliyense, n'kukhalabe atadula nsalu ndi mpeni kuseri kwa nyumba. Ndinazindikiranso kuti pantchito pali zinthu zimene aliyense akuziona koma onse agwirizana kuyang'ana singano.

Lachitatu la sabata ya Kulamba, amayi a shopu anabwera ndi diresi ya mayi wa ku Sinda itatha. Anandipatsira kuseri, kumene tinkakoleza makala a simbi. "Usite konkuno, uiike m'pulasitiki, uibise pansi pa tebulo. Mwini wake abwera mawa." Tsiku lomwelo masana alamu ankabwera kudzayesa shati, ndipo asisi anali atandiuza kuti ndiwasitire diresi yawo, akaime limodzi pagalasi aone ngati zikugwirizana.

Ndinasita madiresi onse awiri. Ndinawapinda mofanana, nkhanga pamwamba. Mapulasitiki awiri akuda, ofanana. Ndinganame ndikati ndinalimbana ndi mtima wanga. Maganizowo atangobwera ndinamva kutsekemera komwe kuja kwa tsiku la chitedze, kuyambira m'mimba mpaka m'zala. Pakamwa ndinalonjeza kutseka. Za mapulasitiki palibe amene anandilonjezetsa.

Alamu anafika dzuwa lili pamutu. Pabenchi panali amayi asanu odikira zovala zawo. Asisi anawaveka alamu shati ija, yopanda mabatani, n'kuigwiriza ndi mapini. Amayi aja anayamba kale kuyamikira. Kenako asisi anati, "Iwe, yanga ija," ndipo ine ndinawapatsa pulasitiki ndi manja awiri, mwaulemu wonse.

Analowa kuseri kwa nsalu yotchinga. Anakhalitsa. Makina a amayi a shopu anali kulira, kenako anasiya. Ndinaona maso awo akupita pansi pa tebulo, pamene panali pulasitiki inayo, n'kubwera pa ine.

Asisi anatuluka atavala. Diresi inawalekeza pamwamba pa mawondo, mapewa othina, koma kutsogolo inali italendewera ngati thumba lopanda chimanga. Amayi a pabenchi anaphulika ndi kuseka.

"Aa, atelala! Mwayamba kusokera za m'tsogolo?"

"Ife mpunga wa ukwati sitinadye, inu mwafika kale kusikelo!"

"Achimwene, mwafulumira bwanji? Njinga yamotoyi ilibe mabuleki?"

Ine ndinaseka kuposa onse. Ndinagwira tebulo. Ndikunena zimenezi chifukwa ndi zimene zinachitika.

Asisi sanaseke. Anaima pagalasi pafupi ndi alamu, nsalu imodzi, nkhanga zokhazokha. Anatembenuza mpendero n'kuyang'ana msoko. "Kasokedwe aka ndi ka amayi a shopu," anatero motsitsa. Kenako anapinda dzanja la diresi, mkati mwake kunja. Mzere woonda wa sopo unali pomwepo, umene analemba okha podula kolala. Anauyang'ana nthawi yaitali. Kuseka kwa pabenchi kunayamba kuzima, mmodzimmodzi.

Anatembenukira alamu.

"Mamita awiri aja ndawapeza."

"Nsalu zimafanana, mayi, m'sitolo muja munali..."

"Ndi ya miyezi ingati?"

"Tiyeni tikambire panja."

"Ndafunsa miyezi. Kapena ndiyeze ndekha? Tepi ndili nayo."

Alamu anayang'ana amayi a shopu, ngati kuti iwo ndiwo awapulumutse. Amayi a shopu anayang'ana singano. Mayi wina pabenchi anati, "Mapanga awiri avumbwitsa," mnzake n'kumugunda ndi chigongono.

Asisi anazula mapini pashati paja, imodziimodzi, n'kumaibaya pa epuloni imene inali pamakina. Anawavula alamu shatiyo ngati mmene amavulira kasitomala aliyense, n'kundiponyera.

"Ikira alamu ako mabatani. Ntchito ya muno siituluka yosatha."

Alamu anavala malaya awo akale mabatani osemphana, n'kutuluka. Njinga yamoto inakana kulira kawiri konse, tonse tikumvetsera.

Makasitomala atapita, amayi a shopu anakankha chitseko.

"Unalonjeza."

"Sindinalankhule kanthu, amayi."

"Usandiyese mwana mnzako. Wachititsa manyazi mnzako pamaso pa anthu, waulula mimba ya kasitomala, ndipo mawa msika wonse udziwa kuti muno tepi imalankhula. Maliza mabataniwo uzipita. Ndikawauza ndekha amayi ako."

Zimenezo sizinandipweteke kwenikweni. Kuthamangitsidwa ndinakuzolowera. Ndinatenga shati ndi mabatani kupita nazo kuseri, ndipo ndinapeza asisi atakhala pa njerwa pafupi ndi mbaula, atavala zawo zakale. Ndinkayembekeza kuti mwina andikumbatira. Ndinali nditakonza kale nkhope yolandirira zikomo.

"Ukuganiza kuti ndine wakhungu?" anatero osandiyang'ana. "Anakuphunzitsa ndani kuyang'ana modula nsalu?"

Ndinayamba kulowetsa ulusi m'singano, iwo n'kupitiriza.

"Ndinadziwa tsiku lomwe lija kuti mamita awiri apita kwa munthu. Sindinadziwe kuti ndani, sindinadziwe za mimba. Ndinkati mwina ndi amayi ake, mwina mlongo wake. Ndinkati ndidzamufunsa tili awiri, pa tsiku langa. Osati pa tsiku lako, pamaso pa amayi asanu amene pofika madzulo akhala atauza amayi makumi asanu."

"Nanga munatulukiranji mutavala? Mukanangovula kuseri komweko."

Anatola khala lozima n'kuliphwanya ndi zala.

"Ndikanavula mwakachetechete ndikanamukhululukira. Ndimadzidziwa."

"Ndiye kuti ndakuthandizani."

"Usandiyankhe." Apa m'pamene anandiyang'ana, maso ali ofiira. "Unaseka. Onse aja aseke, sakundidziwa. Koma iwe unkadziwa chimene chili m'pulasitiki muja, ndipo unaseka."

Ndinaika mabatani onse asanu ndi limodzi. Koma batani lililonse ndinalizunguliza ulusi kamodzi kokha, osamanga mfundo.

Asisi anamaliza mulu wonse wa nsalu m'masiku awiri otsalawo, osaimba. Lachisanu anakwera galimoto ya kwawo, akuti anakumana ndi amalume awo panjira n'kuwabweza. Ku shopu kuja sanabwerereko. Koma asananyamuke anadzera kwathu ine kulibe, n'kusiyira amayi anga pulasitiki yakuda. Munali diresi yawo yeniyeni ija, ataibweza m'chiuno ndi m'mapewa kuti indikwane. Miyeso yanga sananditengepo, koma inakwana ndendende. Uthenga anasiya wa mawu amodzi: "Wavutikira."

Mpaka lero sindidziwa ngati inali mphatso kapena mbama. Koma Loweruka ndinaivala, n'kupita ku Mkaika.

Anthu anali ngati nyerere, ng'oma zikumveka m'chifuwa, fumbi lili m'mano. Sindinapite kukaona magule. Ndinazungulira kawiri konse ndikusaka nkhanga zachikasu, ndipo ndinazipeza pamene amagulitsa nzimbe. Alamu anali mu shati yawo, mabatani awiri atathothoka kale, pamimba atagwiriza ndi pini. Mtima wanga unavina. Pambali pawo panali mayi wa ku Sinda mu diresi yake, ikumukhala bwino, akusenda nzimbe ndi mano.

Ndinapita molunjika. Ndinapinda mawondo.

"Muli bwanji, alamu?"

Thukuta linawatuluka pamphuno nthawi yomweyo. Mawu onse ndinali nawo okonzeka, ndinawayeseza njira yonse. Koma mayi uja anandizindikira, nkhope yake n'kuwala.

"Si iwe wa kwa telala? Taona, tafanana! Nawenso unaipeza kuti nsalu imeneyi?"

Anandigwira dzanja la diresi, akuseka, dzanja linalo lili pamimba. Manja a diresi yake, aja a tizidutswa ta asisi, anali pafupi ndi nkhope yanga. Pozungulira ponse panali anthu, osati asanu, mazana. Ndinakumbuka maso ofiira aja kuseri kwa shopu.

"Yadzaza mumsika, amayi," ndinatero. "Aliyense akugula."

Anandithyolera nzimbe. Alamu anandiyang'ana mothokoza, ndipo kuyang'ana kumeneko kunandinyansa kuposa bodza lawo la ku Chipata. Ndinachoka ndikudziwa kuti ndachita zomwe zija za amayi a shopu, kuyang'ana singano, ndipo sindinadziwe ngati ndakula kapena ndangochita mantha. Mayi uja tsiku lake lidzamufikira. Kapena analidziwa kale, monga asisi, akungosankha nthawi.

Amayi anga anandiuza kuti ndikapepese kwa amayi a shopu. Ndinapita, ndinagwada, ndinanena mawu onse oyenera. Mumtima sindinapepese, ndipo sindidzapepesa. Mutandibwezera tsiku lija, mapulasitiki aja ndingawasinthenso. Asisi sanakaime pamaso pa amalume awo atavala nsalu imodzi ndi munthu uja, ndipo zimenezo ndi ntchito ya manja anga. Chimene ndingasinthe n'chimodzi: ndingadikire benchi ikhale yopanda anthu, ndipo ndingadzilume lilime.

Ndinawatumizira asisi mauthenga atatu pafoni. Awiri oyamba sanayankhe. Wachitatu ndinawauza za pini ya pamimba pa alamu. Patapita masiku anayi yankho linabwera: "Mabatani angati anatsala?"

Ndinati anayi, koma tsiku linali lisanathe.

Sanalembenso.